Amayi, musandiyang'ane

Lemba bwino iwe Tadala, usandikonzere mawu, anthu amve mmene ndikuyankhulira.

Abale anga, sabata ino mtima sukukhala m'malo. Mwana wanga Yohane, uja amajambula mafilimu ndi za pa TV, anatulukira kuno ku Nsaru Lachiwiri. Ntchitoyi anayamba ndi kujambula maukwati pa Namitete. Pano mumva ali ku Zambia, mawa ku Tanzania. Ife timangomuonera dzina pothera filimu, nalonso amachita kundiwerengera.

Ndiye nditaona galimoto ndinati zikomo Mulungu, chifukwa pakhomo pano pali nkhani. Mlongo wake Esinati, mwamuna wake akufuna kumutenga chitengwa, azikakhala kwawo ku Kasiya. Mwanayo sakufuna, wachita kuonda nazo. Akuchimuna akubwera Loweruka. Amalume ake onse anatha, woyankhulira mbumba watsala ndi Yohane yemweyo.

Kodi anakhala pansi? Ayi! Moni wachiimire, maso ali kudzuwa. Wandikhazika pakhonde, wandipatsa lichero la mtedza, kamera njoo pa timiyendo take.

"Amayi, muzisenda mtedzawo. Musandiyang'ane."

"Iwe, ndisakuyang'ane? Anakubala ndani?"

"Mukayang'ana kamera zimaonongeka. Muzingochita ngati ine palibe."

"Aaa, zimenezo nde n'zosavuta. Si mmene timakhalira chaka chonse?"

Anzake amene anabwera nawo, kuseka mpaka kugwira m'mimba.

Ndati ndiyambe ya Esinati, iye, "Dikirani Amayi, dzuwa likuthawa, tikamba." Ndinangopitiriza kusenda. Manja ali pa mtedza, mutu uli ku Kasiya. Misozi n'kulengeza. Pomwepo ndikumva, "Eyaa! Nkhope imeneyo! Musasinthe, Amayi!" Mpaka kukodola anzake adzaone pakagalasi.

Dzuwa kulowa, zingwe zawo pindepinde, akuti mawa akalawirire kujambula ku Nambuma. Vuu! Fumbi lokhalokha.

Sindikunyoza ntchito ya mwana, ayi. Maso ali nawo. Amaona ndi makwinya amene ine mwini wake sindiwadziwa. Koma kuonako n'kuona kwanji?

Ndipo si iye yekha, eti. Matendawa afala. Wa kabaza akagwa pamsika, anthu amayamba akweza mafoni, womudzutsa n'kusowa. Pamaliro namfedwa akulira, wina akufunafuna mbali yabwino yomujambulira. Ena mpaka kumuuza m'busa asunthe pang'ono, akutchinga.

Ndamuimbira, ndamuimbiranso, foni yake yothima. Akuti pojambula safuna phokoso. Ndikakhala pansi ndikudzuka, ndikamva galimoto kumsewu ndikusuzumira. Esinati wasiya n'kundifunsa komwe, akungondiyang'ana.

Inu a m'tauni, filimuyo mudzaiona. Mudzati, "Koma gogo uyu, nkhope yake yogwira mtima!" Mwinanso mwana wanga mudzamuombere m'manja. Koma pa nonsenu, ndi mwini kamera yemwe, alipo amene adzafunse kuti mayiyu chimamuliza n'chiyani?