Tisa amulirira maliro ali moyo

Mwaswera bwanji nonse.

Pochokera kumunda wa thonje cha m'ma 15 hours, ndamva anthu akulira maliro pakhomo panga kuno ku Kakumbi. Njinga ndangoitaya pamsewu n'kuthamanga.

Ndapeza mwana wanga Tisa ali gone pansi, atamufunditsa chitenje changa mpaka kumutu, anzake akulira momuzungulira. Amayi ena oyandikana nafe anali atafika kale, atasenza nkhuni za pamaliro.

Kuvundukula chitenjecho, mwana akuseka! Akuti amatengera filimu ija yoti ukalephera masewera amakuwombera, ndiye lero "wafa" ndi iyeyo.

Achimwene a Yotamu, fulashi ya filimuyo munabweretsa ija ndaibisa, ndipo sindibweza. Enanu mukuti ndalakwa? Nenani, koma ine mwana wanga sindidzamuvundukulanso kumaso kachiwiri.