Mlamu wanga wa ku Bulgaria ndi makalata amene ndinawotcha

Lachiwiri lapitali ndinali pakhonde kusoka ukonde pamene mayi wina wachizungu anafika pakhomo panga, akuchokera ku boma wapansi. Wa imvi, wowonda, chikwama chakuda kukhwapa. Anagwada pang'ono nati, "Odi, alamu. Kuno ku Kota Kota, kwa a Selemani ndi pano?"

Kota Kota. Dzina limenelo tinalisiya kalekale. Munthu amene akanamuphunzitsa ndi mmodzi yekha, mng'ono wanga Yusufu.

Yusufu anathawa m'dziko muno ulamuliro wa chipani chimodzi utangoyamba kuluma. Anawoloka nyanja pa bwato, ndipo tinadzamva kuti ali pasukulu ku Bulgaria. Ine ndinalekeza ku pulayimale. Nzeru za banja lathu zinali mwa iye. Anamwalira kunja zaka zinayi zapitazo, naikidwa ndi anthu osadziwa ngakhale dzina la agogo ake.

Mayiyu ndi mkazi wake. Dzina lake ndi Radka, ntchito yake ndi kulemba mabuku. Chichewa chake n'chothyoka, Chingerezi changa n'chothyokanso, koma tinamvana.

Kwawo nakonso kunali chipani chimodzi. Ali mtsikana analemba buku la alimi amene analandidwa minda. Bukulo linaletsedwa, iye nachotsedwa ntchito. Iye ndi Yusufu anathawira kudziko lina lozizira, anthu awiri opanda kwawo. Kumeneko Radka ankachapa nsalu za m'chipatala, akaweruka n'kumalemba m'chinenero chimene anansi ake sankatha kuwerenga. Ankaperekeza othawa kwawo ku maofesi ndi kuwalembera makalata. Ankaima pamsewu ndi chikwangwani chofuna kuti akaidi a ndale amasulidwe, a kwawo ndi a kuno omwe. Asilamu a kwawo atakakamizidwa kusintha maina, analankhula pa wailesi, iye wosakhala Msilamu.

Atamwa tiyi anandifunsa funso limene ndakhala ndikuliopa zaka zonsezi.

"Alamu, makalata ankafika? Yusufu ankalemba Idi iliyonse, ine n'kumatayipa. Anamwalira akunena kuti aboma ankawagwira panjira."

Ankafika. Onse. Ndinkawadziwira sitampa. Sindinatsegule ngakhale imodzi. Ndinkazungulira kuseri kwa nyumba, ku uvuni wowambira nsomba, n'kuiponya pamoto pansi pa milamba. Masiku amenewo kalata ya munthu wotchedwa chigawenga inkatha kutengetsa banja lonse, ndipo ine ndinali ndi ana asanu ndi awiri. Mayi athu akafunsa, ndinkati palibe. Uthenga wa imfa ya Yusufu utafika, sindinachite sadaka. Ndinapita kunyanja ngati tsiku wamba.

Bodza linali lokonzeka kale. Yusufu mwini wake anandikonzera. Ndikanangovomera kuti ankawagwira panjira, mlamu akanabwerera kwawo ndi ulemu wanga wathunthu.

"Ankafika," ndinatero. "Ndinkawawotcha."

 Analoza uvuni. "Apo?"

"Apo."

"Amayi anganso," anatero. "Makalata anga ankawawotcha mu mbaula. Wandiuza ndi mchemwali wanga chaka chatha, nditabwerera kwathu koyamba. Amayi ndinawapeza ali m'manda."

Akuti kwawo tsopano kuli ufulu ngati kuno. Buku lake lija lasindikizidwa. Koma akalankhula pamsonkhano, anthu amamufunsa kuti, "Unali kuti ife tikuvutika?"

Funso limenelo ndikulidziwa. Ndalimva pamsika pano, likuponyedwa kwa amene abwerera kuchokera ku Tanzania ndi ku Zambia. Inenso ndalifunsapo, mokweza. Timawaona ngati anali kokadya zonona. Kodi munthu wochapa nsalu za odwala m'dziko la eni, wolemba mabuku opanda wowerenga, ankadya zonona zanji?

Chiyambire zipani zambiri, aliyense ndi wozunzidwa. Pa basi, wozunzidwa. Pamaliro, wozunzidwa. Sindinamvepo munthu akuti, "Ine ndinakana m'bale wanga." Nanga amene ankalambalala makomo a omangidwa anali ayani? Amene ankasiya mkazi wa mkaidi akutunga madzi yekha pachitsime anachokera dziko liti?

Musandimve molakwa. Sindikupempha chisoni kwa wina aliyense. Ana anga asanu ndi awiri onse ali moyo, palibe amene anagonapo m'ndende. Zinthu zitabwerera mmene zinalili, mwina ndikanawotchanso. Koma mantha amene anapulumutsa ana anga ndi omwewo amene anachititsa kuti mayi anga afe akuyesa kuti mwana wawo anawaiwala. Zonse ziwiri n'zoona. Tisamanene chimodzi chokha.

Asananyamuke, mlamu anatsegula chikwama chija. Munali mtolo wa mapepala opyapyala, omangidwa ndi ulusi.

"Kwathu tinaphunzira kusatayipa kanthu popanda kaboni," anatero. "Kalata iliyonse ili ndi inzake. Ndi anu. Mukafuna, uvuni uli pomwepo."

Sanaseke ponena zimenezo. Inenso sindinaseke.

Ndinamuperekeza mpaka pa basi. Wabwerera kudziko lozizira lija, kumene kuli manda a mwamuna wake. Akuti ku Bulgaria ndi mlendo, kumene akukhalako ndi mlendonso.

Nditafika kunyumba ndinavala magalasi n'kumasula ulusi. Ndawerenga kalata imodzi yokha, yoyambirira. Enawo akudikira. Imayamba motere:

"Achimwene, ngati kalata iyi ingakubweretsereni mavuto, iwotcheni, sindidzakwiya. Koma muyambe mwawawerengera amayi."

Lachisanu likudzali tikachoka ku mzikiti kuli sadaka ya Yusufu pakhomo panga. Yachedwa zaka zinayi. Ndidzaimirira ndekha n'kuuza anthu chifukwa chake. Amayi sindingawawerengerenso.

Inu amene mukuwerenga, amene mwina munandiposa sukulu: makalata anu munkawawotchera pati, ndipo mwauzapo ndani?