Nsungwi Zimene Jobed Anakaniza

Jobed Ali Hawlader anali womanga zipata. Sizinali zipata zachitsulo zotsekera nyumba ayi, koma zija za nsungwi zokutidwa ndi nsalu, zimene zimaimikidwa pamsewu munthu wamkulu akamabwera, kapena pakhomo pa mkwatibwi tsiku la ukwati. M'tauni ya Shimulkathi munalinso ena ogwira ntchito yomweyo, ndipo n'koyenera kunena kuti ena mwa iwo sanali oipa pantchitoyo, koma anthu akafuna chipata choti mphepo ya kumtsinje isachigwetse ankapita kwa Jobed.

Bambo ake anali opalasa bwato. Koma Jobed madzi ankamuchititsa chizungulire, zomwe zinali zamanyazi kwa mwana wobadwira pakati pa mitsinje, choncho anamupereka kwa munthu wina wokongoletsa malo a maukwati kuti azimunyamulira katundu. Kumeneko ndi kumene anaphunzira kumanga. Msomali sankaufuna n'komwe. Ankati msomali umang'amba nsungwi, pamene chingwe chimangoikumbatira, ndipo ukamasula nsungwiyo imakagwiranso ntchito pena. Nsungwi zatsopano ankayamba waziviika m'dziwe kwa nthawi yaitali kuti zisafumbwe, ndipo zikavuuka zinkanunkha moti mkazi wake Anowara ankatseka mawindo.

Chipata chake choyamba cha ndale anamangira munthu amene onse ankangomutcha Mtsogoleri, pamene Mtsogoleriyo anali asanalowe m'boma, akungoyendayenda m'matauni kulankhula za mpunga wotsika mtengo ndi ufulu wovota. Palibe anamutuma. Anangomva mawuwo pawailesi ya pamalo omwera tiyi, mtima unamutentha, natenga nsungwi zake. Apolisi a nthawi imeneyo anabwera kudzagwetsa chipatacho, Jobed n'kukakamira mzati, ndipo ndodo ina inamupeza pakhutu lakumanzere. Khutulo silinamvenso mpaka lero. Kwa zaka zambiri ankalinyadira. Akakhala pa tiyi ankaloza khutulo n'kunena kuti, "Ili ndinapereka kale kwa Mtsogoleri, lankhulirani mbali inayi."

Mtsogoleri atapambana, a chipani anamupatsa kamalo ka boma m'mbali mwa msewu waukulu kuti amangepo chisakasa chosungiramo nsungwi ndi nsalu. Anangomupatsa pakamwa, popanda chikalata. Chisakasacho ndicho chinalera ana ake, chifukwa aliyense wodutsa pamsewupo ankaona ntchito yake, ndipo ngolo zinkatha kuima pomwepo n'kupakira.

Mtsogoleri analamulira, nalamulirabe. Ana amene anabadwa chaka cha chipata choyamba chija anamera ndevu akuona nkhope imodzimodziyo. Misewu inakonzedwa, magetsi anafika, ndipo zimenezi Jobed sankazikana ngakhale atakwiya. Koma nkhope ya Mtsogoleri pansalu za zipata inkakula chaka ndi chaka, ndipo pansi pake panayamba kuoneka nkhope ina yonenepa, ya Motaleb Sikdar, wamkulu wa chipani m'tauniyo. Sikdar ameneyu Jobed anamudziwa ali kamwana kopanda kabudula. Chaka china cha chisankho Jobed anavala malaya ake oyera, napita kusukulu kumene ankavotera. Anyamata a Sikdar anamulandira pakhomo mwaulemu ndithu, akumutchula kuti Chacha, ndiko kuti bambo aang'ono.

"Chacha, mwavutikiranji ndi dzuwa lonseli? Inu mwavota kale. Pitani mukapume."

Anabwerera kunyumba. Kuyambira tsiku limenelo nkhani ya khutu ija anaisiya.

Kenako panafika ukwati wa Shiuli, mwana wake womaliza ndiponso wamkazi yekhayo. Jobed anali atasankhiratu nsungwi zonenepa, zowongoka, n'kuziviika m'dziwe la kuseri kwa nyumba. Aliyense amadziwa zimene zimachitika pachipata cha ukwati. Abale aang'ono a mkwatibwi amatchinga njira ndi kansalu, mkwati amaima panja ndi anthu ake, amanyozedwa, amanyengerera, amamwetsedwa zakumwa zina zotsekemera zina zothira mchere, mpaka atalipira kenakake ndi pomwe amalowa. Popanda chipata, mkwati amangolowa ngati wobwera kudzagula mbuzi. Ndiye mwana wa womanga zipata akwatiwe popanda chipata? Akuchimuna akanamukumbutsa Shiuli zimenezo moyo wake wonse.

Sabata ya ukwati womwewo kunamveka kuti Mtsogoleri akubwera kudzatsegulira mlatho watsopano. Sikdar anafuna zipata kuchokera pamlatho mpaka kumsika, chilichonse chokhala ndi nkhope yake pansi pa ya Mtsogoleri. Jobed anamanga. Anatulutsa zonse za m'chisakasa, nagwira ntchito mpaka zikhatho zinasupuka. Koma zipatazo zinathera pafupi ndi mzikiti, msika usanafike, ndipo wina anakanong'oneza Sikdar za nsungwi za m'dziwe.

Sikdar anabwera m'mawa, panjinga yamoto, anyamata ake ali pambuyo. Anapeza Jobed ali m'dziwemo, madzi ali m'chiuno, akuvuula nsungwi.

"Chacha, mtendere ukhale nanu," anatero Sikdar. "Ndiye mwabisa atsikana okongola m'madzi, ife n'kutipatsa nkhalamba zokhazokha?"

"Nawenso mtendere, Motaleb. Izi n'za Shiuli."

"Shiuli ndi mlongo wanga, ukwati wake ndi wanga. Koma Mtsogoleri amabwera kamodzi. Tibwerekeni, Loweruka tibweza."

"Ukwati ndi Lachisanu."

"Ndiye sunthani ukwatiwo! Mkwatiyo athawa? Ngati ndi wothawa, bola athawiretu."

Anyamata aja anaseka. Jobed anatembenuza mutu, nalozetsa khutu lakufa lija kwa Sikdar.

"Chacha, ndikulankhula ndi inu."

"Ndikumva ndi khutu lina ili. Lakwana."

Sikdar anatsika panjinga, nayandikira m'mphepete mwa dziwe, akusamala nsapato zake. Mawu anawatsitsa. "Musandichititse manyazi pamaso pa ana. Mukudziwa kuti chisakasa chanu chili pamalo a ndani. Akuluakulu akhala akufunsa za malo amenewo, ine n'kumawauza kuti asiyeni a Hawlader, ndi munthu wathu wakale. Mukufuna ndikawauze chiyani tsopano?"

"Ukawauze kuti wakale uja wakana."

"Chifukwa cha nsungwi?"

"Iwe Motaleb, pamene ndinkamangira Mtsogoleri chipata choyamba, iwe unali ukudya mamina kumsika. Palibe anandilamula. Zonse za m'chisakasa ndakupatsa. Izi ukazifuna, vula nsapatozo ulowe m'madzi muno udzandilande."

Sikdar anayang'ana madzi obiriwirawo, nayang'ana anyamata ake. Akazi a nyumba zoyandikana anali atatuluka kale, ataima ndi mitsuko yawo, ndipo palibe mnyamata amene anafuna kuonedwa akulimbana ndi nkhalamba m'matope sabata ya ukwati wa mwana wake. Njinga inalira n'kupita.

Anowara anamva zonse ali kukhitchini. Mwamuna wake atalowa, anamuikira mpunga ndi mphodza mwamphamvu moti mbale inalira.

"Bambo a Shiuli, mwapenga? Tizidya chiyani, nsungwi zanuzo?"

"Tidya mpunga, monga lero."

"Mukanapita kukabwereka zina kwa anzanu."

"Anzanga ati? Tauni yonse ilibe nsungwi. Ngakhale zimene maungu a anthu amayangapo azula."

"Ndiye mukanalankhula bwinobwino! Zoti ankadya mamina zinalowapo bwanji?"

"Ankadyadi," anatero Jobed. Anowara anafuna kupitiriza, koma anatembenukira kuchitofu, mapewa akugwedezeka. Ngati kunali kuseka kapena kulira, sizikudziwika bwino, ndipo mwina zinali zonse ziwiri.

Chipata cha Shiuli chinaima Lachinayi madzulo. Anthu amene anachiona amanena kuti chinali chachitali kuposa zonse za kumsewu waukulu, ngakhale kuti anthu amakonda kuwonjezera. Chodziwika n'chakuti chinali cha nsalu yofiira ndi yachikasu, chopanda nkhope ya munthu aliyense. Lachisanu mkwati anaimitsidwa pamenepo mpaka thukuta linanyowetsa chisoti chake. Ana a azakhali a Shiuli anamuuza kuti mphuno yake ikufanana ndi biringanya, anzake anabweza kuti akuchikazi ndi akuba ovala bwino, iye anasankha tambula yamchere n'kutsokomola, anthu n'kufa nazo kuseka. Jobed anaima chapatali, dzanja lili pamzati, ngati kuti chipatacho chikanagwa akanachisiya.

Mtsogoleri anabweradi tsiku lomwelo, anatsegulira mlatho n'kubwerera. Ngati anaona kuti zipata zathera pamzikiti, palibe akudziwa.

Sikdar yekha ndiye anaona. Ukwati utatha kunabwera anthu a boma ndi galimoto yogumulira, nanena kuti chisakasacho chinamangidwa pamalo osaloledwa, zomwe mwalamulo zinali zoona. Jobed sanapite kukapepesa, ngakhale ana ake aamuna anamuchonderera pafoni kuchokera kulikulu ku Dhaka. Anafika pamalopo galimoto isanayambe, nauza woyendetsa kuti, "Dikira, mwana wanga, usathyole nsungwi zabwino." Anakwera padenga n'kumasula yekha mfundo imodziimodzi. Chisakasa chonse chinagona pansi mwadongosolo, galimoto osagwira ntchito.

Katunduyo anamusamutsira kuseri kwa nyumba, m'kanjira kopapatiza komwe ngolo sizilowa. Ntchito za chipani zinatheratu, ndipo eni masitolo ambiri, poopa Sikdar, anasiya kumuitana. Zimene zinatsala ndi za maukwati a anthu wamba, ndipo nsungwi ankazinyamula paphewa mpaka kumsewu. Nyama inasowa m'nyumbamo. Anowara anagulitsa zibangili zake, ndipo amamukumbutsabe.

Pano Jobed wakalamba, msana wapindika, kukwera pamwamba anasiya. Amakhala pansi n'kumapota zingwe. Munthu wina pa tiyi anamufunsa ngati sadandaula kuti anataya malo abwino chotero chifukwa cha chipata choima masiku awiri okha.

"Ndimadandaula tsiku lililonse," anayankha. "Phewali likundipweteka, ndipo mayi a Shiuli sandipatsa mtendere. Koma akabweranso Motaleb, adzandipeza m'dziwe momwemo."