Sipanala ya amayi anga ndi bambo wa m'buku

Ndili sitandade 3 pasukulu ya kwathu ku Nkaya, buku lowerenga tinkagawana ana anayi. Ine ndinkakhala kumapeto, moti mawu ndinkawaona mopendekeka, koma zithunzi ndinkaziona bwino. Patsamba lina panali mjigo wowonongeka. Bambo wovala ovolosi anali atagwada ndi sipanala, kumbuyo kwake amayi atatu ataima ndi ndowa, akudikira.

Aphunzitsi athu, mayi wamtali wosakonda kukalipa, anatiuza kuti aliyense alembe ntchito ya makolo ake. Ndinalemba kuti amayi anga amakonza mijigo, poti ndiyo inali ntchito yawo chimwalirireni bambo. Mtsikana amene ndinkakhala naye anasuzumira m'kope langa nayamba kuseka. Analoza chithunzi chija, nati amayi amatunga, okonza ndi abambo, kapena kwathu amayi ali ndi ndevu? Ine ndinkaopa kusekedwa koposa chikwapu. Ndinafufuta ndi kachidutswa ka patapata mpaka pepala linapyapyala, n'kulemba kuti amayi anga amatunga madzi. Aphunzitsi anachonga.

Amayi ankakonda kuona paliponse pamene ndachongedwa. Tsamba limenelo ndinkalidumpha dala.

Mwezi usanathe, mjigo wa pasukulu unaleka kutulutsa madzi, ndipo anaitana amayi. Anafika panjinga, zida zili m'thumba la feteleza. Aphunzitsi anatitulutsa kuti tikaonerere, ine ndinabisala kumbuyo kwa anzanga. Amayi anasolola zitsulo zazitali za m'kati chimodzichimodzi, kuziyala paudzu motsatana, mpaka anapeza kalabala kakutha n'kukasintha. Sankathamanga, ndiponso sankafunsa munthu.

Aphunzitsi anawaonetsa chithunzi chija n'kufunsa ngati amakonza choncho. Amayi anayamba apukuta manja pachitenje, kenaka anachiyang'ana nthawi yaitali.

"Iyayi, aphunzitsi. Abambowa ngakhama ndithu, koma amasula chitsulo osachigwiriza. Chikagwera pansipo, amayi awa adikira mpaka mvula."

Aphunzitsi anaseka mpaka anagwira m'nthiti. Mtsikana uja anasekanso, koma maso ali pamanja a amayi. Madzi atatuluka, ndiye anayamba kumwa.

Titabwerera m'kalasi ndinapita kutsogolo ndi kope. Ndinanena chapansipansi kuti yankho limene anachonga lija linali labodza, ndinangotengera buku. Anafunsa kuti loona ndi liti, ndipo ndinaloza pawindo, kumene amayi ankamangirira thumba panjinga. Sanandikalipire. Anati wojambulayo sanafikeko ku Nkaya, koma ine ndimakhala komweko, tsono ndilembe zimene ndimaona.

Ndinalemba pamalo opyapyala paja ndipo pensulo inaboola pepala. Anachongabe, pambali pa bowolo. Kenaka anandilola kutuluka, ndipo ndinawapeza amayi asanakwere njinga. Ndinawatsegulira tsamba limenelo. Anapukutanso manja asanaligwire.