Malaki Agwetsa Mwana wa Abusa

Mukakwera basi yobiriwira yochoka pamsika wa Fagatogo kulowera kumadzulo kwa chilumba cha Tutuila, mudzapeza woyendetsa wake ali chimunthu choti chiwongolero m'manja mwake chimaoneka ngati kambale ka mwana. Ameneyo ndiye Malaki Leaupule. Anasewera zaka zingapo ndithu m'ligi yaikulu ya mpira wogundana wa ku America, ndipo mwina bwenzi akadali komweko akanapanda kugwira bwino ntchito yake tsiku lina Lamulungu.

Anabadwa ali wamkulu kale. Amayi ake, a Fuatino, amene anakalambira m'fakitale yoika nsomba m'zitini, amati azamba atamunyamula anafunsa ngati mwanayo anali atayamba kale sukulu. Anakula monga anyamata onse a kuno: kukanda kokonati, kutenthetsa miyala yophikira Lamulungu m'mamawa, kuperekera chakudya kwa akulu atawerama, iye n'kudya zotsala. Koma zotsalazo zinali michira ya nkhukundembo ndi nyama ya m'chitini, choncho thupi silinadandaule.

Mpira anauyambira kusekondale, pabwalo lamiyala, chisoti chimodzi akubwerekana anyamata atatu. Chaka ndi chaka kunkabwera azungu a m'makoleji kudzasankha anyamata monga amayi asankhira maungu pamsika: kugogoda, kuzungulira, kuika pasikelo. Malaki atakwera sikelo, mzungu wina anavula magalasi, n'kufunsa kumene amayi a mwanayu amakhala.

Ntchito imene anam'patsa, kukoleji mpaka m'ligi yaikulu, njosavuta kuilongosola. Timu inayo ikakhala ndi mpira, Malaki ankawerama pakati penipeni pa mzere wa otchinga, anthu awiri olemera ngati iye n'kumugunda nthawi imodzi, iye osasuntha. Awiriwo ali kalikiliki kulimbana naye, mnzake wina wowonda ndi waliwiro ankadutsa pambali, kukagwetsa woponya mpira wa timu inayo, n'kuvina pamaso pa makamera. Azungu ankati sanaonepo munthu wodzichepetsa chonchi. Sankadziwa kuti kuno mwana wamwamuna amakula choncho: iwe usenze nkhumba, wina alankhule, ayamikidwe.

Kumudzi anthu ankaonera mpirawo pakanema m'nyumba ya malume ake, a Sapati, mkulu wa banja lawo. Mpira wa masana ku America umafika kuno Lamulungu m'mawa, nthawi ya mapemphero. Poyamba Abusa Eteuati anadzudzula zimenezi paguwa. Koma mwana wawo Uelese atalembedwanso ndi timu ina monga woponya mpira wapabenchi, abusa anafufuza bwino m'Malemba n'kupeza kuti Sabata limayamba mpira ukatha.

A Sapati sanavalepo chisoti chibadwire, koma mpira uliwonse ukatha ankaimba foni.

"Iwe Malaki, lero takuonanso matako okha. Kodi nkhope anakuletsa kuonetsa?"

"Ntchito yanga ndi yomweyo, Malume."

"Ntchito yokhala pansi pa mulu wa anthu? Ukanangokhala konkuno, maliro akachitika bwenzi tikukhalira iweyo."

Zaka zinapita, maondo anayamba kulira, ndipo timu inalemba kochi watsopano. Ameneyu anamuitana muofesi.

"Malaki, ndiwe munthu wabwino. Koma ine sindisunga anthu chifukwa cha ubwino. Kuli tiana ta kukoleji tikulirira malo ako. Ndikufuna ndikuone ndi maso angawa utagwetsa woponya mpira. Apo ayi, uyambe kulongedza."

Lamulungu lotsatira anakumana ndi timu ya Uelese. Mpira uli pakati, woponya wawo wa nthawi zonse anapweteka chala, ndipo m'malo mwake munalowa Uelese, koyamba chilembedwere. Malaki atatukula maso anaona kamnyamata kamene ankakabereka paphewa popita kunyanja, mwana wa nyumba imene iye ankaperekerako chakudya akuyenda chogwada.

"Achimwene Malaki!" anakuwa Uelese, mano onse pamtunda. "Amayi akuti moni!"

"Tseka pakamwa, mwana iwe. Ukalandira mpirawo uponye msanga, wamva?"

Mpira unaperekedwa kwa Uelese. Mmodzi wa anthu awiri aja anaterereka, njira n'kutseguka ngati msewu wa boma. Malaki anathamanga, mumtima akupemphera kuti mwanayo aponye. Koma Uelese ankadziwa kuti mudzi wonse ukumuonera, ndiye anakumbatira mpirawo akufunafuna mnzake wakutali kwambiri, kuti kuponyako kukhale kosaiwalika. Kunakhaladi kosaiwalika. Malaki anam'gwera ndi thupi lonse, khu! Fupa la paphewa linamveka kuthyoka mpaka kwa oimbira.

Bwalo lonse linaimirira ndi chisangalalo. Malaki anagwada pambali pa mnyamatayo akupepesa m'chinenero cha kwawo, ndipo aulutsi anauza dziko lonse kuti taonani katswiri woopa Mulungu akuthokoza.

M'nyumba ya a Sapati munali zii. Abusa anali pampando wabwino koposa, kutsogolo, kapu ya koko ili m'manja. Kanema, amene sadziwa ulemu, anabwereza kugwako pang'onopang'ono, kuchokera kumanja, kumanzere, kenako kuchokera kumwamba. Palibe anayerekeza kudzuka kukazimitsa, chifukwa kuteroko kunali kudutsa pamaso pa abusa.

Malaki asanavule n'komwe nsapato, foni yochokera kwa amayi ake inalira.

"Wachita chiyani, mwana iwe?"

"Amayi, ndi masewera."

"Masewera? Ine m'tchalitchi ndizikhala pati? Amayi abusa andidutsa ngati chitsa. Azimayi a bungwe andilanda makiyi a khitchini ya mpingo. Akulu a mudzi ayamba kale kufunsana ngati banja lathu n'loyenera kukhala nawo pamisonkhano. Malume ako atulutsa mkeka."

Malaki anakhala pansi. Mkeka umenewo si wogonapo. Ndi uja wosalala ngati nsalu, wa nthenga zofiira m'mphepete, umene banja limasunga mibadwomibadwo. Wina akalakwira banja lina koopsa, abale ake amapita m'bandakucha kukakhala pansi pabwalo la olakwiridwawo atafunda mkekawo, ndipo sadzuka mpaka eni nyumba atabwera kudzawavundukula. Mwambowu timati ifoga. Makolo anaukonzera milandu ya magazi ndi ya kuba mkazi wa mwini. Za mpira sanaziganizire, komanso kuyambira kale panalibe amene anathyolapo mwana wa abusa mudzi wonse ukuona.

"Malume ako ali ndi shuga, sangapse padzuwa okha," anamaliza a Fuatino. "Wogwetsa ndiwe. Ubwere."

Anapita kaye kuchipatala. Uelese, mkono utakolekedwa m'khosi ndi nsalu, anaseka mpaka kumva kupweteka.

"Musapite, achimwene. Ndawauza kale adadi kuti palibe mlandu."

"Ndiye akuti bwanji?"

"Akuti mlanduwo si wanga, ndi wa mpingo."

Kochi anam'landira ndi manja awiri, akumuuza kuti ligi yamusankha kukhala wotchinga wopambana wa sabata imeneyo. Malaki anathokoza, kenako anapempha chilolezo chopita kwawo.

"Kwachitika maliro?"

"Ayi. Ndikukapepesa."

"Kupepesa chiyani?"

"Zimene munandituma zija."

Kochi anamuyang'ana nthawi yaitali, monga munthu ayang'anira firiji imene yayamba kulankhula. Pomaliza anati akapanda kuoneka pa zokonzekera zomaliza za sabatayo, asavutikenso kubwera.

Ndege za kuno sizibwera tsiku lililonse. Malaki anaona kuti akafika n'kukhululukidwa mawa lake, akhoza kukwera yobwerera madzulo a tsiku lomwelo n'kupulumutsa ntchito. Akaiphonya, basi.

M'bandakucha iye ndi malume ake anakhala pansi pamiyala ya pabwalo la abusa. Mkeka wa makolo unafunda a Sapati bwinobwino, koma pa Malaki unangokhala ngati kansalu ka pa wailesi, ndiye anakabwereka wina kwa azakhali ake. Dzuwa linatuluka. M'nyumba munkamveka masipuni. Asuweni ena obwera kutchuthi kuchokera ku California ankajambula ndi mafoni kuseri kwa maluwa.

Thukuta lili chuchuchu, a Sapati anamugunyuza ndi chigongono.

"Komatu mphwanga, unam'gwetsa bwino," ananong'ona. "Dzanja lamanzere lija, mmene unam'kankhira wonenepa uja, ndinakuphunzitsa ndine."

"Malume, abusa atuluka nthawi yanji?"

"Nkhumba ikapsa. Ukufuna akukhululukire anthu ali ndi njala? Ndiponso aitana abusa anzawo a midzi ina adzaone mmene amakhululukira."

Dzuwa litapendeka, abusa anatuluka atavala jekete yoyera, n'kuvundukula mikeka ija misozi ili m'maso. Azimayi analira, kwaya inayamba nyimbo. Malaki anasuzumira kumwamba n'kuona kuti nthawi ikadalipo. Akadya pang'ono, n'kuthamangira kubwalo la ndege.

Anaiwala za alankhuli a mabanja, amene mwambo sutha asanalankhule. Atalowa m'nyumba, mlankhuli wa banja la abusa anaimirira ndi ndodo yake n'kuyambira pa kulengedwa kwa zilumba. Atafika pa kubwera kwa Uthenga Wabwino anapuma, n'kumwa madzi. Mlankhuli wa banja la Leaupule sakanalola kuchepa, choncho iyenso anayambira pa kulengedwa kwa zilumba, koma mokonza zimene mnzake analakwitsa. Munthu sadzuka mlankhuli ali chiimire, makamaka iwe amene akukunenera. Malaki anakhala chopinda miyendo, mutu pansi, maondo akuyaka moto. Mlankhuli wachitatu ali pa mbiri ya agogo a agogo ake a Uelese, ndege inamveka ikudutsa pamwamba pa denga. Mlankhuliyo anadikira mwaulemu kuti phokoso lithe, n'kubwereza chiganizo chimene chinasokonezeka.

Pogawa nkhumba, abusa anakokera Malaki pambali n'kumugwira dzanja.

"Mwana wanga, takukhululukira ndi mtima wonse. Koma kunena zoona, Uelese uja amachedwa kuponya. Ndakhala ndikumuuza kuyambira ali kusekondale."

Timu inam'chotsa sabata yomweyo. Anayesa kwina, koma mbiri inali itafala kale yoti Leaupule ndi munthu woti akasewera bwino amasowa. A Fuatino anabwezeredwa makiyi a khitchini, ndipo a Sapati anapatsidwa malo pafupi ndi mzati umene akulu amatsamira pamisonkhano. Uelese phewa linapola, akuponyabe mpaka pano, ndipo chithunzi chake chili pakhoma la holo ya mpingo.

Ife amene tinakhalitsako kunja timakonda kumuzinga Malaki pa siteji ya basi, kumuuza kuti akanakana, akanapeza loya, munthu ali ndi moyo wake. Iye amamvetsera mpaka timalize, kenako amafunsa ngati tikukwera kapena tikungotchinga khomo.

Masana akaimika basi amakaphunzitsa otchinga a pasekondale yake yakale, ndipo anyamata ake ndi oopsa pachilumba chonse. Kungoti mpira uliwonse usanayambe, amayamba wafufuza kuti woponya wa timu inayo ndi mwana wa yani. Akamva kuti bambo ake ndi a kufakitale ya nsomba, amauza anyamatawo kuti, "Kam'dyeni." Akamva kuti ndi wa kunyumba ya abusa, amawasonkhanitsa n'kutsitsa mawu: "Ameneyo mum'gwire ndi manja awiri, mum'khazike pansi ngati dzira, mum'funse ngati ali bwino." Chaka chatha anagonja kawiri kokha, konseko kwa ana a abusa.