Mitumbira Iwiri ku Mpama

Chaka changa chachiwiri ku Seoul, komwe ndinkaphunzira unamwino, mnzanga wa m'kalasi ananditengera kwawo pa tchuthi cha zokolola. Nthawi imeneyi Akoreya ambiri amasiya mzinda n'kupita kumudzi kukalambula manda a makolo awo. Banja la mnzangayu silinapite. Bambo ake anangotulutsa foni n'kundionetsa chithunzi cha mtumbira wa agogo, udzu utametedwa bwinobwino. Anali atatuma kampani yotchetcha, ndipo kampaniyo ndiyo inatumiza chithunzicho.

Ndinaseka osabisa. Ine pakamwa panga sipachedwa. Ndinati kwathu ku Mpama utati utume waganyu kumanda, mudzi wonse ungakunene mpaka imvi. Bambowo sanakwiye. Anandithirira tiyi, kenaka anafunsa kudzera mwa mwana wawo kuti, "Nanga manda a mayi anu akulambula ndani?"

Amayi anamwalira ine ndili ku Korea komweko, maliro ndinangowamvera pa foni. Chiliza sitinamange, tinkati mpaka ndidzabwere. Ndinayankha kuti akulambula achimwene, koma ndinadziwa kuti ndikungolankhula.

Achimwenewo amagulitsa kaunjika ku Limbe. Ndinawavutitsa sabata yonse kuti apite kumudzi, ndipo Loweruka anakwera minibasi, kenaka kabaza. Atapempha chilolezo kwa akuluakulu, analowa kumanda ndi khasu n'kundiimbira pa vidiyo. Kwawo kunali m'mawa, kwanga dzuwa litapendeka. Ndinaona dothi lofiira lija, ndinamva njiwa zikulira m'mitengo. Ndinakusowa kwathu tsiku limenelo kuposa masiku onse.

"Achemwali, ndi apa," anatero achimwene. Foni inayima pa mtumbira womera tsekera. Kenaka inasunthira kumanzere, pa wina wofanana nawo. "Kapena apa. Pajatu mwezi womwewo tinaikanso amayi aang'ono, pafupi pomwepa. Mitanda yonse chiswe chinadya."

"Inu simunalipo kodi?"

"Ndinalipo. Koma tsiku lijalo ndimangolira, sindimayang'ana."

Ndinafuna kuwakalipira. Koma iwo analipo n'kulira. Ine ndinali kuti?

"Lambulani yonse iwiri," ndinatero. "Foni musadule."

Anaigoneka chagada pa udzu. Ndinakhala pabedi m'kachipinda kanga ka pamwamba pa nyumba yosanja, ndikungoona nthambi ndi thambo la kwathu. Khasu linayamba kulira. Nthawi iliyonse likagwa ndinkatchera khutu, ngati kuti kaliridwe kake kangandiuze pomwe amayi agona.