Bokosi limene achimwene ananyamula

Achimwene anga anasewera mpira wa ragibi ku Kopala, kumigodi kuja, zaka zambiri, ndipo ankadyera momwemo. Ife ku Madzimoyo kuno mpirawo sitinkaudziwa. Atabwera nawo pa Khirisimasi ina, amayi anautembenuzatembenuza n'kufunsa kuti waukhalira ndani, poti unali wautali ngati papaya. Achimwene anaseka, n'kutifotokozera kuti malo awo ndi kutsogolo, pamene amuna amawerama n'kumakankhana ndi mitu ndi mapewa. Ine ndinati imeneyo ndi ntchito ya ng'ombe, ndipo mpaka lero sindinabweze mawu.

Liwiro litatha, timu inawapatsa chikho ndi jezi, basi. Anabwerera kumudzi makutu atapindika ngati bowa wouma, mkazi atatsalira komweko. Chimene chinawatsalira ndi mapewa. Analowa m'gulu la adzukulu, ndipo maliro akagwa pabanja lina lililonse, iwo ndiwo ankagwira bokosi kutsogolo. Apo pokha ndi pamene nkhope yawo inkawala.

Kuiwala kunayamba pang'onopang'ono. Tsiku lina anasiya njinga pamsika ku Chipata n'kubwera wapansi, thumba la mchere lili paphewa. Ndinawakalipira mpaka mawu kusasa, poti pakamwa panga sipachedwa. Kenako anayamba kundiitana dzina la mkazi uja. Adokotala anati mutu unagundidwa kambirimbiri, ndipo mankhwala ake palibe.

Amayi zinawadya mumtima. Atadwala anandigwira dzanja.

"Mwanawe, ndikadzapita, mlongo wakoyu adzandilira?"

"Adzakulirani, amayi. Munthu angaiwale bere limene anayamwa?"

Sindinkanama, ndinkakhulupiriradi.

Amayi anamwalira titangotha kukolola mtedza. M'mawa mwake ndinawauza achimwene katatu konse, iwo n'kumangoti, "Pepani, pepani kwambiri," ngati mlendo wodutsa. Mwambo wa tchalitchi utatha, kwaya inayambitsa nyimbo yopitira kumanda. Achimwene anadzuka, kuvula jekete, n'kukaima pamalo awo akale, kutsogolo kwa bokosi.

Kwathu kuno mwana sanyamula mayi ake. Namfedwa amakhala pansi n'kulira, ntchito n'kusiyira adzukulu. Mkulu wa adzukulu anawanong'oneza kuti, "Bambo, lero inu ayi," koma iwo anali atagwira kale. Anthu anayamba kuyang'anana. Ine ndinapita n'kuwakoka mkono.

"Achimwene, mukutichititsa manyazi. M'bokosimu muli amayi."

Anandiyang'ana mwachifundo. "Amayi a ndani?"

Manja anga anangogwa okha. Ndinauza adzukuluwo kuti awasiye, mlandu ukhale wanga. Achimwene ananyamula mpaka kumanda osalola munthu kuwalandira, msana uli chilili. Msozi sunagwe ndi umodzi womwe. Ndinawada tsiku limenelo, ndinaudanso mpira wawo uja, ndipo ndinadzida ndekha chifukwa cha lonjezo langa.

Titabwerako anakhala pakhonde akusamba m'manja, ali wosangalala ngati munthu amene wagwira ntchito yabwino.

"Iwe," anatero, "bokosi la lero linali lopepuka. Gogo ameneyo sankadya. Amayi ali kuti, ndiwauze?"

Ndinati apita kudimba.

Mvula yagwa kawiri chichokereni amayi. Chikho chija ndimasungiramo singano ndi mabatani. Dzuwa likapendeka achimwene amatulutsa mipando iwiri pakhonde, n'kundifunsa chifukwa chake amayi akuchedwa chonchi, ndipo ine ndimayankha kuti akuthirira.